Kulawa Budapest: kulemba wokuperekezani, kulowa m'gulu kapena kudziyendera nokha?

Tsiku langa loyamba mu Budapest, likulu la dziko la Hungary, ndinaitanitsa gulyás, m'mutu muli nyama ya msuzi wokhuthala ija amagulitsa m'malesitilanti a ku Britain ndi dzina longa lomweli. Chimene chinabwera ndi supu. Mbale yozama, msuzi wofiira psuu, nyama ya ng'ombe yoduladula, mbatatesi, karoti ndi timibulu ta ufa wa tirigu tochita kutsina ndi zala. Ndinati mwina mayi woperekera zakudyayo sanandimvetse. Anali atamva bwinobwino. Kwa eni ake gulyás ndi supu, ndipo liwulo limatanthauza m'busa wa ng'ombe, poti abusa a m'chidikha cha Hungary ndiwo ankaphika chakudyachi mumphika wachitsulo wopachika pamoto. Chimene ine ndinkalakalaka chili ndi dzina lake, pörkölt, ndipo chinalembedwa mizere itatu m'munsi papepala lomwe ndinali nalo m'manjalo.

Chihangare sichipereka mpata wolota tanthauzo. Sichili pachibale ndi Chingelezi, Chijeremani kapena Chifalansa; abale ake akutali ndi zinenero za ku Finland ndi ku Estonia. Ku Lisbon kapena ku Rome munthu umatolako liwu limodzi kapena awiri n'kudya bwino, koma kuno umangoyang'ana zilembo zokhala ndi timadontho pamwamba ngati mwana wa sitandade wani. N'chifukwa chake abale athu okhala ku Britain, amene amauluka maola awiri ndi theka kuchokera ku London kukapuma masiku atatu kapena anayi, amakonda kufunsa ngati kuli kofunika kulipira munthu wowaperekeza. Ine ndayesapo njira zinayi: woperekeza wanuwanu, gulu la alendo, kuyenda ndekha, ndi phunziro la kuphika. Sizifanana, ndipo sindinamizira kuti ndimazikonda mofanana.

Poyamba dziwani kumene mukuponda. Budapest anakhala mzinda umodzi mu 1873, ataphatikiza Buda, Óbuda ndi Pest, ndipo lero ali ndi zigawo 23 zodziwika ndi manambala. Buda ndi wa mapiri ndi nyumba yachifumu, tsidya la kumadzulo kwa mtsinje wa Danube. Pest ndi wathyathyathya, wa phokoso, ndipo maulendo ambiri a zakudya amachitikira komweko, makamaka m'malo awiri: msika waukulu wa pa Fővám tér, ndi chigawo cha nambala 7, Erzsébetváros, dera lakale la Ayuda. Malo achitatu, amene maulendo olipira safikako kawirikawiri, ndi misika ya eni mudzi monga Lehel m'chigawo cha 13.

Woperekeza wanuwanu

Ulendo womwe ndinalemba woperekeza, tinali anthu anayi: ine, mayi a kunyumba, mchimwene wanga ndi alamu anga, amene ndi a Seventh-day Adventist ndipo nkhumba sakhudza n'komwe. Anatilandira mayi wina wachikulire pang'ono pakhomo la msika wa pa Fővám tér, pafupi ndi mlatho wobiriwira wa Szabadság. Msikawu unatsegulidwa mu 1897, anaujambula ndi Samu Pecz, ndipo denga lake ndi la matailosi amitundumitundu a fakitale ya Zsolnay ya ku Pécs. Izi mukhoza kuziwerenga paliponse. Chimene simungawerenge n'chakuti mayiyu sanatikweze pamwamba pomwe alendo onse amathamangira. Anatitsitsira pansi, m'chipinda cha kunsi, kumene kumanunkha nsomba ndi viniga.

Kumeneko kuli mabenchi a savanyúság, ndiwo zamasamba zoviika kuti ziwawase: nkhaka, kabichi wodula, tsabola woyera wodzaza kabichi m'kati, ngakhale timavwende tosakhwima. Ambiri mwa ogulitsawo katundu wawo amachokera ku Vecsés, tauni ya kufupi ndi bwalo la ndege. Mayi uja anatilawitsa nkhaka n'kunena kuti tisaziyese chakudya pazokha. Ntchito yake ndi kutsuka mafuta m'kamwa, chifukwa chakudya cha ku Hungary n'chonona, ndipo amene wadya pörkölt popanda chowawasa pambali amadzuka patebulo ngati wameza mwala. Atatero m'pamene tinakwera kukaona soseji za ku Gyula ndi ku Békéscsaba zitapachikidwa mizeremizere, salami wa ku Szeged wokutidwa ndi nkhungu yoyera, ndi nyama ya mangalica, nkhumba ya ubweya wopotana ngati nkhosa.

Apa m'pamene ndalama yathu inayamba kugwira ntchito. Maziko a ndiwo zambiri za ku Hungary ndi atatu: mafuta a nkhumba, anyezi ndi paprika, tsabola wofiira wopera. Ndiye kuti nkhumba imabisala m'zakudya zomwe dzina lake silitchula nkhumba. Nkhuku ya paprikás ikhoza kuyambira m'mafuta a nkhumba. Timabanzi ta pogácsa tina timakhala ndi zikhungwa za nkhumba zokazinga. Supu ya nyemba amaiphika ndi nyama yofutsa pa utsi. Lecsó, yemwe amaoneka ngati tomato, anyezi ndi tsabola basi, kawirikawiri amathiramo soseji. Ngakhale túrós csusza, yemwe ndi pasta wa tchizi chofewa ndi mkaka wowawasa, pamwamba amawaza tinyama ta nkhumba. Paliponse pamene tinaima, mayiyu ankayamba wafunsa wophika ngati waphikira zsír kapena olaj, kutanthauza mafuta a nkhumba kapena a m'botolo. Pa supu ya nsomba, halászlé, anafunsanso ngati muli carp yokha kapena aphatikizamo harcsa, amene ndi mlamba wa kumeneko, chifukwa alamu nsomba yopanda mamba sadya. Ine funso limenelo silikanandibwerera m'mutu. Safunsa anadya phula, koma kufunsako kumafuna chinenero.

Ataona kuti msika wadzaza nkhumba, anasintha njira. Tinakwera tram kupita ku chigawo cha 7, kumene miyambo ya Ayuda inaika tsekwe pamalo a nkhumba. Tinadutsa pa sunagoge wa mumsewu wa Dohány, amene anamalizidwa mu 1859 ndipo ndi wamkulu koposa onse mu Ulaya. Kuseri kwake n'kumene kunali mpanda womwe anatsekeramo Ayuda pafupifupi 70,000 kumapeto kwa 1944, mpaka asilikali a Soviet Union atafika mu January 1945. Lero misewu yomweyo, monga Kazinczy, yadzaza mabala omwera mowa okhala m'nyumba zakale zogumuka. Yotchuka ndi Szimpla Kert. Munthu woyenda yekha akhoza kumwa mowa pamenepo osadziwa chimene chinachitika pabwalo lomwe wakhalapo. Mayi uja anatiuza mwachidule, osakokomeza, kenako anatilowetsa kukadya sólet: nyemba ndi barele zophika usiku wonse pamoto wapansipansi, mwambo wochokera pa lamulo losasonkha moto pa Sabata, pamwamba pali dzira ndi ntchafu ya tsekwe. Alamu anadya mpaka kupukuta mbale ndi buledi. Tinatsekera ndi flódni, keke ya magawo anayi: maapulo, mtedza wa walnut, njere za poppy ndi jamu wa maplamu.

Kuipa kwake kulipo, ndipo koyamba ndi mtengo. Woperekeza wanuwanu ndiye njira yodula kuposa zonse, ndipo ngati muli awiri okha kapena muli nokha, thumba limamva. Ambiri amatchula mtengo wa ulendo wonse kapena amatsitsa pamutu anthu akachuluka, choncho anthu anayi kapena asanu mukasonkherana, kusiyana kwake ndi ulendo wa gulu kumachepa kwambiri. Kwachiwiri, ulendo wonse wagona pa munthu mmodzi. Mukapeza wokonda zakudya ndi mbiri ya mzinda wake, mwalemera. Mukapeza woloweza nkhani pamtima ngati ndakatulo ya kusukulu, mukhala naye maola atatu kapena anayi popanda pothawira, mukumwetulira mokakamiza. Nthawi inanso ndinaonapo woperekeza akukankhira alendo ake m'sitolo ina ya zikumbutso mwachangu chokayikitsa, mwini sitolo akumulandira ngati m'bale wake. Sindinganene kuti onse amatero, koma funsani musanalipire ngati ulendowo uli ndi malo ogulitsa zinthu omwe "mudzangoimako pang'ono".

Gulu la alendo

Iyi ndi njira yapakati. Mumalipira pamutu, mumakumana pamalo oikika ndi anthu ena asanu ndi atatu kapena khumi ochokera kumayiko osiyanasiyana, ndipo mumatsata njira yomwe kampani inakonza kale. Kawirikawiri mumalawa soseji ndi salami, lángos (buledi wokazinga m'mafuta), supu imodzi, keke imodzi, kenako vinyo kapena kachasu wa kumeneko wotchedwa pálinka, wotcheza kuchokera ku maplamu, maapurikoti kapena mapeyala a kwawoko. Kwa munthu amene ali yekha, wodya chilichonse, ndipo akufuna anzake ocheza nawo madzulo, palibe cholakwika. Mumamva nkhani zomwezo: kuti tsabola anachokera ku America n'kufika ku Hungary m'nthawi imene Aturuki ankalamulira Buda, kuyambira 1541 mpaka 1686; kuti Albert Szent-Györgyi, amene analandira mphoto ya Nobel mu 1937, anapeza vitamini C wochuluka mu paprika wa ku Szeged; kuti achikulire ena sagundanitsa matambula a mowa pokumbukira akuluakulu a nkhondo 13 omwe anaphedwa ku Arad mu 1849.

Vuto la gulu n'lakuti silikhota. Mbale zinaitanitsidwa kale, ndipo mukanena kuti simudya nkhumba kapena simumwa mowa, amakupatsani chidutswa cha tchizi ndi madzi, inu n'kumaonerera anzanu akudya zomwe mwalipira nawo. Makampani abwino amafunsa za zakudya zoletsedwa polembetsa, komabe kuchotsa nkhumba pa ulendo womwe anaumanga pa soseji kuli ngati kuchotsa ufa pa nsima. Ndiponso gulu la anthu khumi silikwana m'kalesitilanti ka matebulo asanu. Limapita kumalo okhawo amene angalandire anthu khumi nthawi imodzi, ndipo malo oterowo ndi amene anazolowera kale alendo. Mafunso anu nawonso amadikira mzere. Mukafuna kudziwa kusiyana kwa supu ya nsomba ya ku Szeged, yomwe amaisefa kuti ikhuthale, ndi ya ku Baja, yomwe amadyera ndi pasta wowonda, wina kumbuyoko akufunsa kumene kuli chimbudzi.

Kuyenda nokha

Njira imeneyi ndiyo ndimaikonda, koma ndinayamba kuikonda nditaperekezedwa kaye. Ndi yotchipa kutalitali, ndipo imakufikitsani kumene eni mzinda amadya tsiku ndi tsiku. Chinsinsi chake ndi nthawi ndi mawu ochepa.

Ku Hungary chakudya chachikulu ndi cha masana. Kuyambira cha m'ma 12 koloko mpaka 2 kapena 3, malo ambiri amagulitsa napi menü, chakudya cha tsikulo: supu ndi mbale yaikulu pamtengo wotsika kuposa wa madzulo. Funani zikwangwani zolembedwa étkezde kapena kifőzde. Amenewa ndi malesitilanti ang'onoang'ono ophika zapakhomo, ndipo ambiri amatseka masana akapita, ena osatsegula n'komwe Loweruka ndi Lamlungu. Mumatenga thireyi, mumaloza chomwe mwachiona kuseri kwa galasi. M'menemo ndimo mumapezeka főzelék, ndiwo zamasamba kapena nyemba zokhuthalitsa ndi ufa kapena mkaka wowawasa, zomwe maulendo olipira sakonda kuonetsa chifukwa sizikongola pachithunzi. Ya maungu odula mowonda ndi ya nsawawa ndi zimene ine ndimabwerera. M'chilimwe mumapezanso meggyleves, supu yozizira ya matcheri owawasa, yotsekemera, yomwe amamwa poyambirira osati pomaliza. Ulendo woyamba lilime limakana, wachiwiri limavomera.

Liwu lina ndi hentes, butchala. Mabutchala ena amakazinga soseji pomwepo, ndipo mumadya chiimirire pa kashelefu ka m'mbali mwa khoma, phewa ndi phewa ndi amisiri ovala maovolosi. Amakupatsani soseji yotentha pa kambale ka pepala, mpiru wopera, buledi woyera wodula mokhuthala ndi nkhaka yowawasa. Pali hurka ya chiwindi ndi mpunga, palinso yakuda ya magazi. Amayeza pa sikelo, ndipo muyeso wawo ndi deka: deka imodzi ndi magalamu 10, choncho mukafuna magalamu 200 mumati 20 deka. Ine tsiku loyamba ndinangoloza n'kugwedeza mutu, ndipo anandidulira soseji yokwana anthu atatu.

Kuti muone msika wopanda zidole ndi nsalu za alendo, kwerani sitima yapansi pa nthaka ya M3 mutsikire pa Lehel tér. Nyumba ya msikawo ndi yachilendo m'maonekedwe, yamitundu yowala ngati sitima yapamadzi, koma m'kati muli agogo okoka timangolo togulira zinthu, alimi ogulitsa mazira, uchi ndi mkaka wowawasa wotchedwa tejföl, wofanana ndi chambiko koma wokhuthala. Lángos wa m'misika yotere ndiye weniweni: ufa wofufumitsa, wophwatalala ngati mbale, wokazinga m'mafuta ambiri monga mandasi, wopaka madzi a adyo, kenako tejföl ndi tchizi chopala. Amene amaunjika nyama, tomato ndi zina zambirimbiri pamwamba ndi wa alendo, ndipo mtengo wake ndi wa alendonso. Mudye akadali wotentha. Akazizira amasanduka chikopa.

Zovuta za kuyenda nokha ndi zomwe ndayamba nazo zija. Foni imamasulira menyu, koma singakuuzeni mafuta omwe ali pansi pa mphika. Ngati pali chimene simudya, lembani papepala mawu awa: sertés ndi nkhumba, marha ndi ng'ombe, csirke ndi nkhuku, liba ndi tsekwe, hal ndi nsomba. Abale achisilamu akumbukire kuti kupanda nkhumba sikutanthauza kuti nyama ndi ya halaal, choncho nsomba, főzelék wophikira mafuta a m'botolo ndi zotsekemera ndizo zosavuta. Malo a kosher, ophika motsata malamulo a chipembedzo cha Ayuda, m'chigawo cha 7 nkhumba mulibe n'komwe, koma amatseka kuyambira Lachisanu madzulo mpaka Loweruka madzulo. Ndipo si lesitilanti iliyonse yogulitsa zakudya zachiyuda imene ili ya kosher, moti sólet wa malo ena amathiramo nkhumba yofutsa. Chovuta china n'kugwera m'malo otchera alendo. Msewu wa Váci, umene umayambira moyang'anizana ndi msika waukulu uja, ndi wokongola kuyendamo, koma lesitilanti yomwe ili ndi munthu pakhomo wokuitanani ndi menyu ya zithunzi m'zinenero zisanu ndi chimodzi, ipitirireni.

Za ndalama, dziko la Hungary lili mu European Union kuyambira 2004 koma limagwiritsa ntchito forint. Ena amalandira euro, koma amasintha mokudyerani. Khadi imagwira pafupifupi paliponse, kupatula kwa agogo ena a kumsika. Pa bilu yang'anani liwu loti szervizdíj: likakhalapo ndiye kuti ya woperekera zakudya aiphatikiza kale, likapanda kukhalapo anthu amawonjezera pafupifupi 10 peresenti. Ndipo musafulumire kunena köszönöm, kutanthauza zikomo, pamene mukupereka ndalama yaikulu, chifukwa ena amamva ngati mwati chenji asunge. Ife ozolowera kuthokoza pa chilichonse timagwa nazo.

Phunziro la kuphika

Pali masukulu ang'onoang'ono ndi mabanja amene amayamba nanu kumsika, kenako n'kukaphika limodzi, kawirikawiri gulyás kapena nkhuku ya paprikás ndi nokedli, timibulu ta ufa ndi mazira togwetsera m'madzi owira. Mzinda simuuona kwenikweni, ndipo mumalawa zakudya ziwiri kapena zitatu zokha. Koma ndinaphunzirako chinthu chimodzi chomwe ndimachigwiritsabe ntchito: anyezi akafewa m'mafuta, mphika umachotsedwa pamoto kaye musanathire paprika, chifukwa ali ndi shuga ndipo akapsa amawawa ngati mankhwala. Ndipo sathira kansonga ka supuni ngati ife. Amathira masupuni odzaza. Paprika wa masiku onse, wa ku Szeged kapena ku Kalocsa, sawawa. Alimi a ku Malawi, Zambia ndi Zimbabwe amene alimapo paprika wogulitsa kunja amamudziwa tsabola ameneyu, kungoti ife timamulima n'kumutumiza, iwo amamudya. Wozolowera kambuzi apemphe Erős Pista, tsabola wopera wamchere amene amakhala m'kabotolo patebulo. Ngati kuphika si mbali yanu, njira iyi ilumpheni.

Ndiye musankhe iti?

Mukakhala anthu anayi kupita m'tsogolo, kapena pali wina amene sadya nkhumba, samwa mowa, kapena ali ndi matenda ofuna kusamala zakudya, kapenanso muli ndi makolo oyenda pang'onopang'ono, lembani woperekeza wanuwanu, ndipo mumulembe tsiku loyamba m'mawa, osati lomaliza. Zimene angakuuzeni mudzazidya masiku otsalawo. Mukakhala nokha, wodya zonse, gulu likukwanirani. Mukakhala ndi masiku opitirira atatu ndi mtima wosaopa kuloza ndi chala, yendani nokha, ndalama ya woperekezayo mukadyere Dobos torta, keke ya magawo ambiri yokhala ndi shuga wowotcha pamwamba imene József Dobos anaionetsa koyamba mu 1885, m'nyumba ya khofi yakale monga Gerbeaud pa Vörösmarty tér.

Musanalipire woperekeza aliyense, mulembereni mafunso achindunji. Kodi zakudya ndi zakumwa zili mumtengo womwewo? Tidzaima malo angati, ndipo tidzakhala pansi kangati? Kodi adzatiperekeze ndi inuyo kapena mudzatumiza wina? Mungatipititse ku étkezde kapena ku hentes m'malo mwa chipinda chapamwamba cha msika waukulu? Amene wayankha funso lomalizali ndi mayina a misewu, ameneyo amaudziwa mzinda. Muuzeninso zomwe simudya m'mawu osazungulira, kuphatikizapo mafuta ophikira ndi mtundu wa nsomba. Tsikulo musadye chakudya cham'mawa chambiri, muvale nsapato zoyendera, ndipo pewani kuika ulendo wa kumsika Loweruka masana kapena Lamlungu, pamene mabenchi ambiri amakhala atatseka.

Okhala ku Britain ndi pasipoti ya Malawi, Zambia kapena Zimbabwe asaiwale kuti Hungary ili m'dera la Schengen, gulu la mayiko a ku Ulaya olowa ndi viza imodzi, ndipo chilolezo chokhalira ku Britain sichilowa m'malo mwa viza. Pobwerera, paprika wa m'kathumba kapena m'kachitini amadutsa popanda nkhani. Wolembedwa édes ndi wosawawa, wolembedwa csípős ndi wowawa. Koma salami ndi tchizi musagule musanaone malamulo a kasitomu a kumene mukubwerera, chifukwa a nyama ndi mkaka amasinthasintha. Mchimwene wanga anagula salami wautali ngati mkono tsiku lomaliza, atamva za malamulowo tili kale pabwalo la ndege, ndipo tinamudya atatu pabenchi ndi buledi wouma, alamu akutiyang'ana n'kumaseka.